Zomwe malamulo akunena pa kusintha zikalata za mlandu wa malo

Bwalo la milandu limagamula mlandu potengera zomwe mbali zokanganazo zidalemba m'zikalata zawo, ndipo nkhani yomwe sidalembedwe, ngakhale ikhale yoona, woweruza saloledwa kuitenga ngati maziko a chigamulo chake. Pachifukwa ichi malamulo a dziko lino amapereka mwayi woti munthu yemwe adalakwitsa kapena kuiwala mfundo ina polemba dandaulo lake apemphe bwalo kuti asinthe chikalatacho. Mphamvu yovomera kapena kukana pempholo ili m'manja mwa woweruza, ndipo mwayi woti livomerezedwe umanka nuchepa pamene mlandu ukuyandikira kumapeto.

Nkhaniyi ndi yofunika kwambiri m'madera a kumadzulo kwa boma la Lilongwe monga Mpingu, Namitete, Nsaru ndi Kabudula, komwe minda yambiri ya mabanja idalembedwa m'kaundula wa boma kalekale ndipo ambiri mwa anthu omwe maina awo ali m'kaundulamo adamwalira. Ndi yofunikanso kwa ogwira ntchito m'boma, makamaka a ku unduna wa za malo, ku maofesi a abwanamkubwa ndi ku makhonsolo, kaamba koti zikalata zomwe iwo amasunga ndi zomwe kawirikawiri zimachititsa mbali ina ya mlandu kuzindikira kuti idalemba zolakwika.

Ntchito ya zikalata za mlandu

Pa milandu ya pakati pa anthu, yomwe si ya upandu, wodandaula amayamba mlandu ku bwalo lalikulu potenga chisamani chomwe chimapita limodzi ndi chikalata chofotokoza dandaulo lake. M'chikalatamo amalemba yemwe akumudandaulira, malo omwe akukanganirana, zomwe zidachitika ndiponso chomwe akufuna kuti bwalo limuchitire, kaya ndi kulengeza kuti malowo ndi ake, kuchotsa munthu pamalopo, kupereka chiletso kapena kulamula chipukuta misozi. Wodandaulidwa naye amalemba chikalata choyankha momwe amavomera kapena kukana mfundo iliyonse, ndipo ngati ali ndi dandaulo lake pa wodandaulayo amalilemba momwemo. Zikalata zimenezi kale pa Chingerezi zinkatchedwa pleadings, pomwe m'malamulo a masiku ano zimatchedwa statement of case.

Ntchito yaikulu ya zikalatazi ndi kuika malire a mkangano. Mbali iliyonse imadziwiratu mlandu womwe ikukayankha ndipo imakonza mboni zake moyenera, pomwe woweruza amadziwa mafunso omwe ayenera kuyankha pogamula. Munthu yemwe adangolemba kuti mnzake adalowerera m'munda mwake sangafike tsiku lozenga mlandu n'kuyamba kunena kuti chiphaso cha malo cha mnzakeyo chidapezeka mwachinyengo, popeza mnzakeyo sadauzidwe kuti akonzekere kuyankha za chinyengo.

Bwalo lalikulu la apilo lakhala likutsindika mfundoyi kwa zaka zambiri. Pa mlandu wa pakati pa kampani ya Malawi Railways ndi Nyasulu, womwe uli m'buku la zigamulo la chaka cha 1998, bwaloli lidafotokoza kuti mbali zonse pamodzi ndi woweruza ndi omangidwa ndi zomwe zidalembedwa m'zikalata. M'chaka cha 1999, pa mlandu wa Fred Nseula, yemwe adali phungu wa dera la kumpoto kwa boma la Mwanza ndipo amatsutsa kuchotsedwa kwake m'nyumba ya malamulo, bwaloli lidapeza kuti bwalo lalikulu lidalakwitsa polowa m'nkhani yoti kodi phungu angakhalenso nduna, yomwe eni mlandu sadaipereke kuti igamulidwe. Ngakhale milandu iwiriyi sinali ya malo, mfundo yake imagwira ntchito chimodzimodzi pa mkangano wa munda wa ku Mpingu.

Mbiri ya ndunda kumadzulo kwa Lilongwe

M'chaka cha 1967 nyumba ya malamulo idavomereza malamulo atatu okhudza malo. Loyamba lidali lokhazikitsa kaundula wa malo, lachiwiri lidali lopereka njira yopimira malo a mafumu ndi kuwalemba m'kaundulamo, ndipo lachitatu lidali lokhazikitsa mabodi ounika kugulitsa kapena kugawa malo olembedwawo. Ntchito yolemba malo a mafumu motsatira malamulowa idachitikira kumadzulo kwa boma la Lilongwe pansi pa chitukuko cha ulimi cha Lilongwe Land Development Programme, chomwe chidayamba m'chaka cha 1968 ndi thandizo la ndalama lochokera ku banki yaikulu pa dziko lonse ya World Bank.

Pa ntchitoyi minda idapimidwa motsatira mabanja, ndipo malo a banja limodzi adatchedwa ndunda. Banja lililonse linkasankha munthu mmodzi woliimira ndipo dzina lake ndi lomwe linkalembedwa m'kaundula, koma iye ankasunga malowo m'malo mwa abale onse. Pakati pa Achewa a m'madera a mafumu monga Malili, M'bwatalika, Kalolo ndi Kabudula, malo amatsata mbumba ya kuchikazi, ndipo woimira banja kawirikawiri ankakhala mwinimbumba. Mwinimbumbayo akamwalira, pamabuka funso loti kodi wolowa m'malo mwake ndi mphwake, monga mwa mwambo, kapena ana ake omubala, omwe amaona dzina la bambo awo pa chiphaso n'kuganiza kuti malowo ndi chuma cha masiye.

Mbiri imeneyi ndi yomwe imachititsa kuti zikalata za milandu ya malo yochokera m'maderawa zizifuna kusinthidwa. Munthu amatha kukadandaula akukhulupirira kuti munda ndi wa mafumu, kenaka kafukufuku wa ku ofesi ya kaundula n'kuonetsa kuti udalembedwa ngati ndunda. Wina amalemba nambala ya malo yolakwika, kapena kukula kwa malo komwe sikukugwirizana ndi mapu a opima malo. Winanso amasumira mlamu wake yemwe akulima mundawo, osadziwa kuti gawo lina lidagulitsidwa kale ndipo chiphaso chili m'dzina la munthu wa mumzinda. Popeza Mpingu ali kufupi ndi mzinda wa Lilongwe pa msewu wopita ku Mchinji, malo a kumeneko amakopa ogula, ndipo munda umodzi umatha kudutsa m'manja mwa anthu angapo mlandu usadafike kumapeto.

Kusiyana kwa malo a mafumu ndi malo olembedwa m'kaundula kumakhudzanso bwalo loyenera kumva mlandu. Lamulo la mabwalo a milandu limaletsa mabwalo a majisitireti kugamula za umwini wa malo omwe si a mafumu, kupatula pa milandu yochepa yomwe lamulo la kaundula wa malo lidalola. Izi zikutanthauza kuti mkangano wa umwini wa ndunda umapita ku bwalo lalikulu, lomwe malinga ndi gawo 108 la malamulo aakulu a dziko lino lili ndi mphamvu zomva mlandu wa mtundu uliwonse. Bwaloli lili ndi maofesi ku Blantyre, Lilongwe, Mzuzu ndi Zomba, ndipo la ku Lilongwe ndi lomwe lili pafupi ndi anthu a ku Mpingu.

Malamulo akale ndi atsopano

Kwa zaka zambiri bwalo lalikulu la m'dziko muno linkatsatira malamulo oyendetsera milandu a ku England, omwe maloya ankawapeza m'buku lodziwika ndi dzina loti White Book. Gawo 20 la malamulowo linkalola munthu kusintha chikalata chake kamodzi popanda chilolezo nthawi yosinthana zikalata isadatsekedwe, ndipo ikatsekedwa ankayenera kupempha bwalo. Dziko la England lidasiya malamulowa m'chaka cha 1999, koma dziko lino lidapitiriza kuwagwiritsa ntchito kufikira pa 3 October 2017, pomwe malamulo akeake oyendetsera milandu ya pakati pa anthu ku bwalo lalikulu adayamba kugwira ntchito.

Ndime 23 ya gawo 7 la malamulo a 2017 imatchula zifukwa zitatu zosinthira chikalata: kuonetsa bwino mfundo zomwe mbali ziwirizo zikukanganirana, kukonza cholakwika, ndi kupereka tsatanetsatane womveka wa mfundo iliyonse. Mlandu ukadutsa nthawi yosinthana zikalata, kusintha kumafuna chilolezo cha bwalo. Poganizira pempholo, woweruza amayenera kuona ngati kusinthako kungapweteke mbali inayo mwa njira yomwe singakonzedwe poibwezera ndalama zomwe yaononga, poiwonjezera nthawi yokonzekera kapena poimitsa kaye mlandu.

Ndimeyi imawerengedwa limodzi ndi ndime 5 ya gawo loyamba, yomwe imanena kuti cholinga chachikulu cha malamulowa ndi kuyendetsa milandu mwachilungamo. Malinga ndi ndimeyi, chilungamo chikuphatikizapo kuonetsetsa kuti mbali zonse zili ndi mwayi wofanana, kuchepetsa ndalama zoonongeka pa mlandu, kumaliza mlandu mwachangu ndiponso kugawa bwino nthawi ya bwalo pokumbukira kuti pali milandu ina yomwe ikudikira. Gawo lachiwiri limaonjezera kuti kulephera kutsatira ndondomeko sikupha mlandu pakokha, ndipo bwalo lili ndi mphamvu yolamula momwe cholakwikacho chingakonzedwere.

Wopempha amapereka pempho lake pamodzi ndi chikalata cholumbira chofotokoza chifukwa chosinthira ndi chifukwa chomwe mfundoyo sidalembedwere poyamba, ndipo amaonetsa chikalata chatsopanocho momwe chidzaonekere. Mwa chizolowezi chochokera ku mabwalo a ku England, mawu osinthidwa amaonetsedwa ndi inki yofiira pofuna kuti woweruza ndi mbali inayo aone mosavuta zomwe zachotsedwa ndi zomwe zaonjezeredwa. Pempho likavomerezedwa, mbali inayo imapatsidwa mwayi wosintha yankho lake, ndipo kawirikawiri wopemphayo ndi yemwe amalipira ndalama zomwe kusinthako kwaonongetsa.

Zomwe woweruza amaunika

Mphamvu ya woweruza yoona yekha chomwe chili choyenera si ufulu wochita monga mtima wafunira. Woweruza amayenera kutsatira mfundo zodziwika, kumva mbali zonse ndi kupereka zifukwa za ganizo lake. Zambiri mwa mfundozi zidachokera ku zigamulo za ku England zomwe mabwalo a m'dziko muno akhala akuzigwiritsa ntchito. Pa mlandu wa pakati pa Cropper ndi Smith wa m'chaka cha 1884, woweruza Bowen adafotokoza kuti mabwalo adakhazikitsidwa kuti azigamula za ufulu wa anthu okangana, ndipo ntchito yawo si kulanga anthuwo pa zolakwika zomwe achita poyendetsa mlandu. Chaka chimodzi m'mbuyo mwake, pa mlandu wa Clarapede, woweruza Brett adanena kuti ngakhale wopempha adachita mosasamala kapena adachedwa, kusintha kuyenera kuloledwa ngati mbali inayo ingathe kubwezeredwa ndalama zomwe yaononga.

Patapita zaka zana limodzi, maganizo amenewa adaikidwa malire. Mlandu wa pakati pa Ketteman ndi kampani ya Hansel Properties, womwe bwalo la House of Lords lidagamula m'chaka cha 1987, udali wa anthu omwe adagula nyumba zomangidwa pa maziko ofooka. Umboni wonse utamvedwa kale, pa nthawi yoti maloya azimanga mfundo zawo zomaliza, akatswiri ojambula mapulani a nyumbazo adapempha kusintha yankho lawo kuti anene kuti dandaulolo lidaperekedwa nthawi itatha. Bwalolo lidagamula kuti kusinthako sikudayenere kuloledwa. Woweruza Griffiths adafotokoza kuti si zonse zomwe ndalama zingabwezere, potchula nkhawa yomwe mlandu wautali umabweretsa kwa anthu wamba komanso kuchuluka kwa milandu yodikira m'mabwalo.

Potengera mfundozi, choyamba chomwe woweruza amaona ndi mtundu wa kusinthako. Kukonza nambala ya malo, kalembedwe ka dzina, tsiku la mgwirizano kapena chiwerengero cha mahekitala kumaloledwa mosavuta ngati mbali zonse zinkadziwa kale munda womwe zikukanganirana. Kusintha komwe kukusandutsa mlandu kukhala wina kumaunikidwa mozama. Munthu yemwe poyamba adalemba kuti adagula munda, kenaka n'kufuna kulemba kuti adaulandira kwa malume ake ngati cholowa, amayenera kufotokoza momveka chifukwa chomwe nkhani yake yasinthira. Chimodzimodzi yemwe adavomera m'chikalata kuti malo ndi a banja lonse sangangobweza mawuwo popanda chifukwa chogwira mtima, popeza mbali inayo ingakhale idasiya kufunafuna mboni podalira kuvomerako.

Chachiwiri ndi nthawi yomwe pempholo labwera. Malamulo a 2017 amafuna kuti milandu yambiri iyambe yapita kwa mkhalapakati monga mwa gawo 13, ndipo kukambirana kukakanika pamakhala msonkhano wokonza ndondomeko ya mlandu ndi kusinthana umboni wolembedwa. Pempho lobwera magawo amenewa asadathe silisokoneza zambiri. Koma pempho lobwera mboni zitayamba kulankhula limafuna kuti mboni ziitanidwenso ndipo tsiku lozenga mlandu lisinthidwe. Pa milandu ya malo a mabanja, mboni zodziwa malire akale zimakhala nkhalamba, anyakwawa ndi magulupu omwe adaona mabikoni akuzikidwa, ndipo mboni yotere ikamwalira palibe ndalama zomwe zingabwezere umboni wake.

Chachitatu ndi cholinga cha wopempha. Ngati zikuoneka kuti akungofuna kuchedwetsa mlandu, mwina kaamba koti ali ndi chiletso chomwe chikumulola kupitiriza kulima mundawo kapena kumanga nyumba pamalopo, bwalo limakana. Pa mkangano wa munda, kuimitsa mlandu kwa miyezi ingapo kumatha kutanthauza kuti banja lina laluza dzinja lathunthu la chimanga, mtedza kapena fodya. Bwalo limakananso kusintha komwe ngakhale kutaloledwa sikungapindulire wopemphayo kanthu, monga kubweretsa mfundo yomwe malamulo saizindikira.

Nkhani ya chinyengo ili ndi lamulo lakelake. Lamulo la kaundula wa malo limapatsa bwalo mphamvu yolamula kuti kaundula akonzedwe ngati dzina lidalembedwa mwachinyengo kapena molakwitsa, ngakhale limatetezanso munthu yemwe adagula malowo n'kukhalapo osadziwa za chinyengocho. Koma yemwe akufuna kudalira chinyengo amayenera kuchilemba mwatsatanetsatane, kutchula yemwe adachichita, nthawi yake ndi njira yomwe adagwiritsa ntchito. Mawu ongoti chiphaso chidapezeka mwachinyengo sakwanira, ndipo pempho losintha chikalata kuti muikidwe mawu okhawa likhoza kukanidwa.

Malire a nthawi

Akuluakulu adati mlandu suola, koma pa malamulo olembedwa dandaulo lili ndi nthawi yake. Lamulo loika malire a nthawi yokasumira limapereka zaka 12 kwa munthu wofuna kulanditsa malo ake, ndi zaka 6 pa milandu yambiri ya mgwirizano kapena ya kuonongeredwa katundu. Pomwe pali chinyengo kapena kubisa dala zoona zake, nthawiyi imayamba kuwerengedwa kuchokera pomwe wodandaula adazindikira chinyengocho, kapena pomwe akadatha kuchizindikira akadachita khama.

Malire amenewa amakhudza kusintha zikalata kaamba koti chikalata chosinthidwa chimatengedwa ngati chidalembedwa choncho kuyambira pa tsiku lomwe mlandu udayamba. Munthu akhoza kugwiritsa ntchito njirayi kulowetsa dandaulo lomwe nthawi yake idatha kale. Pa mlandu wa pakati pa Weldon ndi Neal wa m'chaka cha 1887, bwalo la apilo la ku England lidakana zotere ponena kuti n'kulanda wodandaulidwa chitetezo chomwe lamulo lidamupatsa. Malamulo akale aja pambuyo pake adafewetsa pang'ono polola dandaulo latsopano ngati likuchokera pa zochitika zomwezo zomwe zidalembedwa kale m'chikalata choyamba.

Mwachitsanzo, tingoyerekeza kuti gawo la ndunda lidagulitsidwa m'chaka cha 2010 ndipo wogula adayamba kukhalapo chaka chomwecho. Abale akasumira wogulitsa yekha m'chaka cha 2020, kenaka n'kupempha m'chaka cha 2024 kuti wogulayo aonjezeredwe pa mlandu, wogulayo adzanena kuti zaka 12 zidakwana m'chaka cha 2022. Akadamuphatikiza pachiyambi, funso la nthawi silikadabuka n'komwe. Kwa wodandaulidwa, mfundo yoti nthawi idatha imayenera kulembedwa m'yankho lake, ndipo mlandu wa Ketteman ukuonetsa zomwe zimachitika akaikumbukira mochedwa.

Ena angaganize kuti pempho likakanidwa akhoza kudzayamba mlandu wina pa mfundo yotsalayo. Njira imeneyi nayo ili ndi chopinga. Mfundo yochokera pa mlandu wa pakati pa Henderson ndi Henderson wa m'chaka cha 1843 imafuna kuti munthu abweretse nkhani yake yonse pa mlandu umodzi, ndipo bwalo likhoza kukana kumva dandaulo lomwe lidayenera kuperekedwa pa mlandu woyamba. N'chifukwa chake chigamulo cha pempho losintha chikalata, ngakhale chimaoneka chaching'ono, nthawi zina ndi chomwe chimamanga tsogolo la munda wonse.

Kuonjezera anthu pa mlandu

Kusintha zikalata kumayendera limodzi ndi kuonjezera, kuchotsa kapena kusintha anthu a pa mlandu, zomwe zili m'gawo 6 la malamulo a 2017. Bwalo silingalamule kuti chiphaso chifafanizidwe mwini dzina lomwe lili pa chiphasocho asadamvedwe, choncho wogula malo kapena banki yomwe idalandira malowo ngati chikole amayenera kukhala nawo pa mlandu. Mwini mlandu akamwalira mlandu uli mkati, wolowa m'malo mwake amayenera kusonyeza kuti ali ndi mphamvu yotero, monga chikalata choyang'anira chuma cha masiye choperekedwa motsatira lamulo la chuma cha masiye la m'chaka cha 2011. Chikalata cha dandaulo chiyeneranso kunena momveka ngati munthu akudandaula payekha, ngati woyang'anira chuma cha masiye, kapena ngati woimira banja lonse.

Pomwe dandaulo likukhudza zomwe ofesi ya boma idachita, monga kupereka lizi kapena kulemba dzina m'kaundula, wosumiridwa amakhala mlangizi wamkulu wa boma pa za malamulo. Lamulo loyendetsa milandu yosumira boma limafuna kuti wodandaula apereke chidziwitso cholembedwa miyezi itatu asadayambe mlandu, ndipo funso la chidziwitsochi limabukanso pomwe wina akufuna kuonjezera boma pa mlandu womwe udayamba kale. Boma nalo likafuna kusintha yankho lake limapempha monga munthu wina aliyense, ndipo limayesedwa ndi muyeso womwewo.

Apilo pa ganizo la woweruza

Munthu wosakhutira ndi ganizo la woweruza pa pempho lotere sakhala ndi ntchito yapafupi ku bwalo la apilo. Bwaloli silisintha ganizo kaamba kongoti oweruza ake akadaganiza mosiyana. Limalowererapo pokhapokha ngati woweruza adatsatira mfundo yolakwika ya malamulo, adadalira zinthu zosakhudzana ndi nkhaniyo, adasiya kuganizira zinthu zofunika, kapena ganizo lake ndi lolakwika moonekeratu. Kuonjezera apo, m'zaka zaposachedwapa bwalo lalikulu la apilo lakhala likukana kumva ma apilo a pakatikati pa mlandu, pofuna kuti mlandu uyambe wafika kumapeto ku bwalo lalikulu. Pa apilo yeniyeniyo, mfundo yatsopano yofuna umboni womwe sudamvedwe ku bwalo loyamba siloledwa kawirikawiri.

Izi zikusonyeza kukula kwa udindo wa woweruza woyamba. Iye amayenera kulemekeza gawo 41 la malamulo aakulu, lomwe limapatsa munthu aliyense ufulu wofika ku bwalo ndi kupeza thandizo lenileni, komanso gawo 28 lomwe limaletsa kulanda munthu katundu wake popanda chifukwa. Maufulu amenewa ndi a mbali zonse ziwiri. Wodandaula sayenera kuluza munda kaamba ka nambala yomwe loya wake adalemba molakwika, ndipo wodandaulidwa naye sayenera kukhala zaka zambiri akuyankha mlandu womwe ukusinthasintha nkhope.

Mabwalo a malo a mafumu

Ndondomeko yomwe yafotokozedwayi ndi ya ku bwalo lalikulu. Mabwalo a majisitireti ali ndi malamulo awoawo omwe ndi osavuta kwambiri. Pa malo a mafumu, lamulo la m'chaka cha 2016, lomwe lidayamba kugwira ntchito m'chaka cha 2018 ndipo lidasinthidwa m'chaka cha 2022, lidakhazikitsa makomiti a malo pansi pa magulupu, mabwalo a malo m'madera a mafumu aakulu, mabwalo a malo a pa boma ndi bodi yaikulu ya dziko lonse. M'mabwalo amenewa nkhani zambiri zimafotokozedwa pakamwa. Ngakhale zili choncho, zomwe alembi amalemba kumeneko ndi zomwe mabwalo a pamwamba amadzawerenga nkhaniyo ikapita patsogolo, kotero kuti dzina, malire kapena tsiku lolembedwa molakwika pa bwalo la mfumu limatha kudzalowa m'zikalata za ku bwalo lalikulu.

Udindo wa ogwira ntchito m'boma

Mapempho ambiri osintha zikalata angapeweke ngati zoona zake za malo zitadziwika mlandu usadayambe. Lamulo limalola munthu kupempha kafukufuku ku ofesi ya kaundula wa malo, ndipo zotsatira zake zimaonetsa nambala ya malo, kukula kwake, dzina la mwini wake, ngati malowo ndi a banja, ndiponso ngati pali chikole kapena chenjezo. Ofesi ikapereka zotsatirazi mwachangu komanso molondola, loya amalemba dandaulo lolondola kuyambira pachiyambi. Ikachedwa, dandaulo limalembedwa potengera zomwe abale akukumbukira, ndipo failo ikadzapezeka patapita zaka pamafunika kusintha pa nthawi yomwe bwalo silingalolenso mosavuta.

Pa milandu yomwe boma ndi wodandaulidwa, miyezi itatu ya chidziwitso ija ndi nthawi yoti unduna kapena ofesi yokhudzidwa itumize kwa maloya a boma failo yonse, kuphatikizapo mapu, makalata opempha malo, ndemanga za mafumu ndi malisiti. Yankho lolembedwa popanda failo limangokhala lokana chilichonse, ndipo mfundo zenizeni zotetezera boma, monga yoti nthawi yokasumira idatha, zikhoza kutsala. Boma likapempha kusintha mochedwa, ndalama zomwe bwalo lingalamule kuti mbali inayo ibwezeredwe zimachokera ku thumba la misonkho ya anthu.

Abwanamkubwa, alembi a malo ndi alangizi omwe amalandira madandaulo a anthu a kumudzi angathandizenso powauza kuti atengere loya zikalata zonse pa ulendo woyamba, ndipo afotokoze mbiri yonse ya malowo ngakhale mbali zomwe akuona kuti sizikuwakomera. Omwe sangathe kulipira loya akhoza kupita ku bungwe la boma la Legal Aid Bureau, lomwe lidakhazikitsidwa motsatira lamulo la m'chaka cha 2011 ndipo lili ndi ofesi mumzinda wa Lilongwe. Yemwe wazindikira cholakwika m'chikalata chake mlandu uli mkati ayenera kudziwitsa loya wake nthawi yomweyo, popeza funso lomwe woweruza adzayambe kufunsa ndi loti wopemphayo adadziwa liti za mfundoyo ndipo adachitapo chiyani atadziwa.